Christofer Drew wa Never Shout Never: anamusiya ndi mafani, kapena anagwa limodzi ndi MySpace?

Tadala

Anzanga okonda nyimbo, ndabwera ndi dzina limene ena simunalimvepo, ena munaliiwala kalekale: Never Shout Never. Amene munkacheza pa MySpace, tsamba lochezerapo la pa intaneti, cha m'ma 2008 ndi 2009 mukumbuka kamnyamata ka tsitsi logwera kumaso, koimba ndi ukulele, kagitala kakang'ono ka zingwe zinayi kaja. Dzina lake ndi Christofer Drew Ingle, wa ku Joplin m'chigawo cha Missouri ku America. Anabadwa mu 1991, ndipo anayamba kuika nyimbo zake pa MySpace mu 2007 ali ndi zaka 16 zokha. Analibe kampani, analibe wailesi yomuimbira, analibe womukankha. Achinyamata amsinkhu wake ndi amene ankatenga nyimbo zake n'kuziika pa masamba awo, mnzawo akalowa n'kumva, naye n'kutenga. Pofika 2009 anasaina ndi kampani yaikulu ya nyimbo ya Warner Bros. Chimbale chake cha Harmony chinafika pa nambala 14 pa Billboard 200, ndandanda wa zimbale zogulidwa kwambiri ku America, mu 2010. Patangotha zaka ziwiri, chimbale china cha Indigo chinayambira pa 194.

Kuchoka pa 14 kufika pa 194, chinachitika n'chiyani? Ine ndimati anamusiya ndi mafani ake omwe. Anakonda mwana woimba za chikondi choyamba, ndipo mwanayo atayamba kukula, kusintha kaimbidwe, kuitana anzake kuti akhale bandi yathunthu, iwo anati ayi, tibwezereni uja wa ukulele. Munthu sangakhale wa zaka 17 moyo wake wonse. Ndikufuna ndimve kwa inu amene munamutsatira, komanso inu amene mukuona oimba a pa TikTok masiku ano.

Gama

Achemwali, nkhani mwabwera nayo ndi yabwino koma manambala anuwo akubisa mbali ina. Harmony chinatuluka Warner ili kumbuyo kwake, ndi ndalama zotsatsira, ndi anthu olipidwa kuti chimbale chifike m'masitolo ndi m'magazini. Indigo chinatuluka kumapeto kwa 2012 kudzera ku Loveway, kakampani ka iye mwini. Ziwirizi sitingaziike pa muyeso umodzi.

Chachiwiri, ndipo mundikhululukire inu okonda mnyamatayu, nyimbo zake zoyamba zinali zopepuka. Makodi atatu kapena anayi, mawu okoma, basi. Zotere zimagwira msanga, zimathanso msanga. Ine emo, mtundu wa nyimbo umene ena amamuikamo Drew, ndinaidziwira kwina. Inayambira ku Washington, D.C. cha m'ma 1985 ndi magulu ngati Rites of Spring, anyamata ochokera ku punk yaukali amene anayamba kuimba za mumtima mwawo. Kenako kunabwera Chris Carrabba wa Dashboard Confessional kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000, munthu mmodzi ndi gitala, holo yonse ikuimba naye mawu onse mpaka iye n'kumachoka pa maiki. Drew anatenga njira ya Carrabba n'kuithira shuga wambiri. Sindikunyoza, koma imene ija ndi pop.

Wezi

A Gama, mawu akuti zopepuka ndawamva kwa akuluakulu kuyambira ndili mtsikana, ndipo mpaka pano sindiwavomera. Ine nthawi imeneyo ndinali kusekondale kuno ku Indiana, ndipo ndinamuona ndi maso pa Warped Tour mu 2010. Kwa amene simudziwa, Warped inali zoimbaimba zoyenda mzinda ndi mzinda nyengo yotentha, anaiyambitsa Kevin Lyman mu 1995. Magulu ambirimbiri, masiteji angapo, aliyense theka la ola. Nthawi yoimba gulu lililonse sinkadziwika mpaka m'mawa wa tsikulo, ankailemba pa chikwangwani chachikulu chopopa mpweya, ndiye mukangolowa pageti mumathamangira pomwepo kukaona.

Pamalo ngati amenewo, pamene siteji iyi pali anthu okuwa ndi magitala amagetsi, siteji iyo palinso chimodzimodzi, kamnyamata kowonda kanatuluka ndi gitala ya pamanja ndipo anthu anadzaza mpaka kumbuyo. Ambiri tinali atsikana, zoona. Ndipo pamenepo ndi pamene pali nkhani. Chilichonse chimene atsikana a zaka 14 kapena 15 akonda, amuna aakulu amachitcha chopepuka. Ine ndinali mtsikana wakuda yekha m'kalasi mwathu, chizungu changa chikumveka chachilendo, nthawi yopuma ndikudya ndekha. Nyimbo zimene zija zinandipezera anzanga. Tinkadziwana chifukwa cha nyimbo imene munthu waika pa tsamba lake. Makodi atatu anakwanira kuchita zimenezo.

Gama

Asisi Wezi, zimene nyimbozo zinakuchitirani sindingazitsutse, ndipo ndazilemekeza. Ine ndikunena za chifukwa chimene sizinakhalitse pamsika.

Kondwani

Mundilole ndilowe ngati munthu wa makompyuta. Nonse awiri mukuyang'ana pa woimba ndi omvera, koma pakati pawo panali makina, ndipo makinawo ndi amene anafa.

MySpace inayamba mu 2003. Chimene chinkaisiyanitsa ndi masamba onse amene anabwera pambuyo pake ndi chakuti tsamba la munthu aliyense linkatha kukhala ndi nyimbo yoyamba kulira yokha mlendo akangolowa. Ndiye mtsikana mmodzi wa ku Ohio akaika nyimbo ya Drew, anzake onse obwera kudzamulembera moni ankaimva, afune asafune. Akaikonda, ankadina kamodzi n'kuiika pa tsamba lawo. Munthu aliyense anali kawailesi kakang'ono. Kuwonjezera apo panali Top 8, anzako asanu ndi atatu oonekera pamwamba, ndipo anthu ankaikamo magulu oimba pamodzi ndi anzawo enieni. Panalinso ndandanda wa oimba opanda kampani amene akumvedwa kwambiri, umene anthu a makampani a nyimbo ankauyang'anitsitsa posaka talente.

Tsopano taonani zaka. News Corp ya Rupert Murdoch inagula MySpace mu 2005 pa madola 580 miliyoni. Mu 2008 Facebook inaipitirira pa chiwerengero cha anthu padziko lonse, mu 2009 inaipitiriranso mu America momwemo. Mu 2011 MySpace inagulitsidwa pa madola pafupifupi 35 miliyoni. Ndiye kuti chaka chimene Drew ankasaina ndi Warner, malo amene anamukweza anali atayamba kale kukhuthuka. Ndipo Facebook inalibe nyimbo ya pa tsamba. Anthu anasamuka, koma kawailesi kaja sanasamuke nako. Mafani aja sanakhale pansi n'kugwirizana kuti timusiye. Anangosamukira kumalo kumene nyimbo zake sizinkawapezanso zokha.

Tadala

Achimwene Kondwani, mfundo yanu ndi yolimba, koma siikufotokoza zonse. Chimbale cha What Is Love? chinatuluka mu January 2010 n'kufika pa 24. Harmony chinatuluka mu August chaka chomwecho n'kufika pa 14. Nthawi imeneyo MySpace inali itagwa kale, koma mafani anamutsatirabe ku Twitter, ku YouTube, ku Tumblr. Kutsika kunayamba ndi Time Travel mu September 2011, chimene chinayambira pa 35, ndipo chimenechi chinali chikadali cha Warner. Chinasintha n'chiyani? Kaimbidwe. Ukulele anaiika pambali, kunabwera bandi yathunthu, makiyibodi, nyimbo zazitali zoyenda pang'onopang'ono, mawu ofunsa za moyo osati za mtsikana wa m'kalasi. Ine ndinkawerenga makomenti pansi pa mavidiyo nthawi imeneyo. Ambiri sankanena n'komwe za nyimbo. Ankadandaula za tsitsi, za matatu, za fodya, kuti sakuonekanso ngati kale. Munthu wakupatsani chimbale chimene wachivutikira, inu mukulira tsitsi.

Mphatso

Akuluakulu, ine ndine mwana pano, MySpace sindinaionepo. Koma ndimaimba, ndili ndi gitala, ndimaponya tizidutswa pa TikTok. Nditawerenga zimene mukukambiranazi ndinapita kukamvera nyimbo yake yakale ya Trouble kenako Time Travel. Kunena zoona ndikanapanda kuuzidwa sindikanadziwa kuti ndi munthu mmodzi. Ndiye funso langa kwa anti Tadala: ngati ndagula chinthu chifukwa ndachikonda, kenako wogulitsa wasintha n'kubweretsa china, ndalakwa kusagula? Fani ali ndi ngongole yanji kwa woimba?

Tadala

Mphwanga, funso lako ndi labwino. Palibe amene ali ndi ngongole yokonda nyimbo imene sakuikonda. Chimene ndikukana ine ndi china. Mafani a Drew sankanena kuti timakonda nyimbo zako. Ankanena kuti timakukonda iweyo, unapulumutsa moyo wanga, ndidzakhala nawe mpaka kale. Ankalemba zimenezi tsiku ndi tsiku kwa mwana wosakwana zaka 20. Iye anakhulupirira. Atawaonetsa mmene alili atakula, anthu omwewo anamuuza kuti wasochera. Ukauza munthu kuti umamukonda iyeyo pamene ukukonda chithunzi chake cha chaka chimodzi, wamunamiza, ngakhale usanafune kutero.

NaJere

Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Ine ndine mphunzitsi, ndimakhala ndi ana amsinkhu umenewu tsiku lililonse, ndipo chimene chikundikhudza pa nkhaniyi si manambala a Billboard. Mwana wa zaka 16 kapena 17 sanadziwe n'komwe kuti iye ndi ndani. Lero akufuna ichi, mawa icho, ndipo n'zoyenera kutero. Ana anga a Fomu 3 amasintha maganizo, kavalidwe, anzawo, ndipo palibe amene amasunga umboni. Uyu kusintha kwake konse kunachitika anthu zikwizikwi akuonerera, aliyense ali ndi ufulu woyankhapo. Msinkhu umene anzake anali m'kalasi, iye anali m'basi kuzungulira America, anthu aakulu akudya kudzera mwa iye: a kampani, okonza maulendo, ogulitsa malaya. Mwana wotere amamuuza ndani kuti lero pumula?

Ndipo a Kondwani mundithandize ngati ndamva bwino, pa MySpace woimba sumangomutsatira ngati masiku ano, unkamupempha ubwenzi iye n'kuvomera. Kwa mwana wosungulumwa zimenezo si zazing'ono. Amakhulupiriradi kuti ali ndi mnzake. Ndiye mnzakoyo akasintha osakuuza, zimapweteka ngati wakukana. Ine anawo sindiwaimba mlandu. Onse, woimba ndi omvera, anali ana.

Kondwani

Mwamva bwino mayi. Ndipo pachiyambi oimba ang'onoang'ono ankayankhadi mauthenga okha, usiku wonse. Vuto ndi lakuti munthu angayankhe anthu 200, koma sangayankhe 200,000. Chimene chinamukweza sichikanatheka kupitirira atakwera.

Gama

Popeza tayamba kumumvera chisoni, tisabise zina. Mu 2012 panali kanema uja wa BryanStars, mnyamata amene ankafunsa mafunso magulu oimba pa YouTube. Drew anamuyankha mwachipongwe, kunyoza mafunso ake ndi pulogalamu yake, mpaka mnyamatayo anagwetsa misozi pa kamera. Kanemayo anafalikira kwambiri, ndipo mafani ambiri anakwiya. Munthu amene dzina lake lonse linamangidwa pa chikondi ndi mtendere, kampani yake n'kuitcha Loveway, sangachite zimene zija n'kuyembekeza kuti anthu asaone. Chaka chake ndi chomwecho cha Indigo. Achemwali Tadala, pamenepa mafani ndi amene anamusiya, kapena iye anawakankha?

Wezi

Kanemayo ndinamuonera nthawi yomweyo ndipo anandipweteka. Analakwa, sindimuikira kumbuyo. Koma muone chimene ankadandaula: ankafuna kufunsidwa za nyimbo, pamene mafunso a mapulogalamu otere ambiri anali a nthabwala, okondweretsa ana. Anali ndi zaka 21, atatopa kutengedwa ngati chidole. Anasankha munthu wolakwika womukwiyira, pamalo olakwika.

Ndipo ngati tikukumba za 2012, tikumbenso za 2011. Pa 22 May chaka chimenecho chimphepo cha tornado chinakantha Joplin, kwawo kwenikweni. Chinali cha mlingo wa EF5, wapamwamba kwambiri, ndipo chinapha anthu oposa 150. Chipatala chachikulu chinaphwasuka, sukulu ya sekondale inaphwasuka, madera athunthu anasanduka zibuma. Drew anagwiritsa ntchito dzina lake kupempha mafani kuti asonkhe thandizo. Time Travel chinatuluka patangopita miyezi inayi. Mumafuna munthu amene mzinda wake wagwa chonchi abwere akumwetulira ndi ukulele ngati palibe chachitika?

Gama

Za Joplin ndavomera, n'zolemera. Koma ndibwerere ku nyimbo, chifukwa ndi kumene ndimakhala ine. Warner sinamuchitire nkhanza pa nkhani ya situdiyo. What Is Love? anajambula ndi Butch Walker. Harmony anajambula ndi Butch Vig, munthu amene anajambula Nevermind ya Nirvana mu 1991, chaka chimene Drew anabadwa. Anthu amenewa sapatsidwa kwa aliyense. Komabe pa zimbale ziwirizi sipanatuluke nyimbo imene inagwira mawailesi aakulu a ku America.

Yerekezani ndi Adam Young wa Owl City. Nayenso anayambira pa MySpace mu 2007, akujambula yekha m'chipinda chapansi kwa makolo ake ku Owatonna, Minnesota. Koma Fireflies inafika pa nambala 1 pa Billboard Hot 100 mu 2009. Kuyambira pamenepo sankadaliranso MySpace, amayi oyendetsa galimoto ndi ogulitsa m'masitolo ankamudziwa. Drew anakhalabe wa gulu limodzi la anthu, amsinkhu umodzi. Gulu limenelo litapita kukoleji, kumbuyo kunalibe ena.

Tadala

Koma a Gama, zimene mwanenazi zikhoza kutembenuzidwa. Trouble inafika pa gold, makope 500,000, popanda wailesi kuikankha. Anthu theka la miliyoni anatulutsa ndalama zawo chifukwa anauzana okha. Ine ndimaona kuti chimenecho n'chachikulu kuposa nyimbo imene wailesi yakuimbira kakhumi patsiku mpaka waizolowera.

Ndipo pali china chimene anthu amaiwala. Mnyamatayu sanali wa ukulele yokha ngakhale pachiyambi. Anali ndi gulu lina lotchedwa Eatmewhileimhot, loimba nyimbo zaukali, zokuwa, magitala olemera. Ndiye kuti kusakhazikika pa mtundu umodzi wa nyimbo kunali mwa iye kuyambira kale. Mafani ndi kampani anasankha mbali imodzi imene inkagulika n'kunena kuti ameneyu ndiye Christofer weniweni.

Chisomo

Ndangolowa, ndawerenga zonse. Mfundo imodzi yokha: tikamati mafani anamusiya, tikunena a ku America. Ku Brazil ndi ku Mexico anthu anapitiriza kudzaza maholo zaka zambiri pambuyo pake. Ine ndimaganiza kuti kumeneko kukhala emo kunali ndi mtengo wake. Mu March 2008 ku Querétaro, Mexico, chigulu cha achinyamata chinaukira ana ovala ki-emo pabwalo la mumzinda n'kuwamenya, ndipo mikangano yotere inafikanso ku Mexico City. Munthu amene wamenyedwapo kapena kunyozedwa chifukwa cha nyimbo zimene amakonda sazitaya msanga. Kwa ena inali fasho ya zaka ziwiri, kwa ena linali banja.

Wezi

Zoona Chisomo. Ndipo ngakhale kuno anthu anabwerera, kungoti anabwerera mochedwa. Warped inasiya kuzungulira America yonse mu 2018. Mu 2022 kunabwera zoimbaimba za When We Were Young ku Las Vegas, magulu a nthawi ija ataunjikidwa pamodzi, matikiti okwera mtengo n'kutha mofulumira mpaka anawonjezera masiku. Ogula ndi ife tomwe, tsopano tili pantchito, tili ndi ana. Koma apa ndikugwirizana ndi Tadala: anthu amapita kukamva nyimbo za 2008. Woimba akati ndiimbeko yatsopano, anthu amapita kukagula madzi.

Mphatso

Ndiye ine zikundiopsa. Kanyimbo kanga kamodzi kanayendako pang'ono pa TikTok, kachikondi, kofewa. Tsopano chilichonse chimene ndaponya chosiyana ndi kameneko sichiyenda, ndipo anthu amalemba kuti panga ina ngati ija. Ndili ndi zaka 20. Ndipange bwanji, ndizingobwereza?

Kondwani

Mphwanga, za kaimbidwe akuyankhe ena. Ine ndikuuze za makina, chifukwa nkhani ya MySpace ili ndi mathero amene woimba aliyense ayenera kuwadziwa. Mu March 2019 kampaniyo inavomera kuti posamutsa maseva inataya nyimbo zimene anthu anaika kuyambira 2003 mpaka 2015. Zimene zinanenedwa ndi nyimbo pafupifupi 50 miliyoni za oimba 14 miliyoni. Internet Archive, bungwe losunga zinthu zakale za pa intaneti, inapulumutsako pafupifupi 490,000 za pakati pa 2008 ndi 2010, zimene ofufuza ena anali atasunga. Zotsalazo zinapita. Drew anali ndi mwayi chifukwa nyimbo zake zinatuluka pa ma CD ndi pa iTunes. Anzake zikwizikwi amene sanasainidwe, amene kope lokhalo linali pa MySpace, lero alibe chowaonetsa ana awo. Pamodzi ndi nyimbozo panapitanso makomenti, zithunzi, mbiri yonse ya mmene mafani anamukwezera.

Vine, pulogalamu ya timavidiyo tatifupi, nayo inatsekedwa mu January 2017. Woimba Shawn Mendes anatulukira kumeneko, koma anali atawoloka kale. Ambiri sanawoloke.

Ndiye chita izi. Nyimbo iliyonse ukajambula, tenga mafayilo onse kwa wojambula, osati MP3 yokha, usunge malo awiri osiyana. Anthu amene amakukondadi, tenga manambala awo kapena ma email, ndi chilolezo chawo, uwasunge pako. Otsatira a pa TikTok si ako, ndi a TikTok, ndipo ndi makina amene amasankha kuti ndani aone chimene waponya. Usadalirenso kuti Spotify ikudyetsa: kuyambira 2024 nyimbo imene sinamvedwe ka 1,000 pa miyezi 12 siilandira kalikonse. Ndipo ukalembetse nyimbo zako ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa nyimbo ku Malawi.

NaJere

Mwana wanga Mphatso, ine ndiwonjezere za mtima. Ukhale ndi anthu awiri atatu amene ankakudziwa usanaponye nyimbo iliyonse, amene sawerenga makomenti, amene angakuuze kuti lero walankhula mwamwano, kapena lero sunadye. Anthu a pa intaneti akakutamanda usatenge zonse, akakunyoza usatengenso zonse. Amene akulemba kuti panga ina ngati ija sakudana nawe, akungopempha chimene akuchidziwa.

Gama

Pa kaimbidwe ndiyankhe ine. Usabwereze, koma usadumphenso. Vuto la Time Travel kwa ine silinali lakuti ndi choipa, ndi chimbale chabwino kuposa ziwiri zoyamba zija, ng'oma ndi makiyibodi zake zinakonzedwa ndi mutu. Vuto linali lakuti panalibe mlatho. Omvera anawasiya tsidya lino iye ali kale tsidya ilo. Taona Cavetown, Robin Skinner wa ku England. Nayenso anayamba ali mwana pa YouTube, ndi ukulele, kuchipinda. Anakula, anawonjezera bandi, anasaina ndi kampani yaikulu, koma chimbale chilichonse chimasiya kanthu kodziwika kuchokera ku cham'mbuyo. Conan Gray anayambanso pa YouTube ali mnyamata ku Texas, ndipo chimbale chake choyamba cha Kid Krow chinafika pa nambala 5 mu 2020. Mafani ake anamuona akukula pang'onopang'ono m'mavidiyo, ndiye kusintha sikunawadzidzimutse.

Tadala

Zitsanzo zanu ndi zabwino, koma awiriwa anapeza njira itapondedwa kale. Nthawi ya Drew panalibe amene ankadziwa kuti mwana wotchuka pa intaneti amamusamala bwanji. Makampani ankangoona manambala n'kuthamanga. Zimbale ziwiri m'chaka chimodzi cha 2010, pamwamba pa ma EP, tizimbale ta nyimbo zochepa, a 2008 ndi 2009, ndi maulendo osatha. Mlatho umene mukunenawo akanaumanga nthawi yanji? Ndipo anayesera ndithu. Mu 2015 atabwerera ku Warner anatulutsa Recycled Youth, nyimbo zakale zoimbidwa mwatsopano ndi mawu a munthu wamkulu, kenako Black Cat chaka chomwecho. Kumeneko kunali kutambasula dzanja kwa mafani akale. Ochepa ndi amene analigwira.

Gama

Recycled Youth chinabwera mochedwa ndi zaka zinayi, achemwali. Chikanatuluka pakati pa Harmony ndi Time Travel bwenzi tikukamba zina.

Wezi

Mwina. Koma mu 2011 iye sankafuna n'komwe kumva za nyimbo zakalezo, ndipo ndimamumvetsa. Ndani wa zaka 20 amafuna kuimba usiku uliwonse zimene analemba ali ndi 16? Pamafunika zaka kuti munthu ayanjanenso ndi ubwana wake.

Mphatso

Zikomo nonse, ndatolapo zambiri. Mafayilo ndikatenga kwa wojambula wanga sabata ino, ndipo ndayamba kale kulemba manambala a anthu amene amandifunsa nyimbo ku inbox. Funso lomaliza kwa anti Wezi kapena aliyense: mnzanga ali ndi ukulele imene sagwiritsa ntchito, wati andibwereka. Imachunidwa ngati gitala?

Wezi

Ayi mphwanga, ndi G, C, E, A, kuyambira chingwe cham'mwamba. Chodabwitsa chake n'chakuti G yam'mwambayo ndi yokwera, si yotsika ngati pa gitala, n'chifukwa chake imamveka mowala chonchija. Ngati umadziwa makodi a gitala suvutika: tenga zingwe zinayi zam'munsi za gitala, uike kapo pa fret yachisanu, zala zimagwira chimodzimodzi, mayina a makodi okha ndi amene amasintha. Ngati yakhala nthawi yaitali osagwiritsidwa ntchito, zingwe zake za nayiloni zizimasuka masiku oyamba, ndiye uzichuna pafupipafupi mpaka zikhazikike. Ukajambula kanthu utiponyere pano timve.